Kodi kulera ana kukunditsekera njira ya Buddha?

"Zikomo aphunzitsi. Ine ndine Mmalawi wokhala ku Pretoria. Ndisanakwatiwe ndinkapita kawirikawiri kukachisi wa Abuda wa Nan Hua ku Bronkhorstspruit, komwe ndinaphunzira kusinkhasinkha, ndipo m'mawa uliwonse ndinkakhala pansi mwakachetechete kwa mphindi 40. Lero ndili ndi ana awiri, wamkulu wa zaka 3 ndi wakhanda wa miyezi 5. Nthawi yokhala chete ndilibenso, ndimapsa mtima msanga, ndipo usiku ndimadzuka kangapo kukaona ngati khandalo likupuma. Ndinawerenga kuti kukakamira zinthu ndi anthu ndiye gwero la masautso, komanso kuti Buddha mwini wakeyo anasiya mkazi ndi mwana wakhanda kuti akafune choonadi. Kodi ndiye kuti chikondi changa pa anawa ndi unyolo? Ndidikire kuti akule ndiye ndidzayambirenso, kapena umayi pawokha ungakhale njira ya uzimu?"

Mayi wa ana awiri, Pretoria

Mayi, mtima ukhale m'malo. Zimene mwafotokozazi, kuyambira kusowa nthawi mpaka kudzuka usiku kukamvetsera mpweya wa mwana, ndazimva kwa amayi ambiri pa zaka zimene ndakhala ndikuphunzitsa za zipembedzo za ku Asia ndi kutsogolera magulu osinkhasinkha, ndipo palibe ngakhale chimodzi chosonyeza kuti mwasochera. Chibuda sichikukupemphani kuti muchepetse chikondi chanu pa ana. Chimene chikupempha n'chakuti muchiyang'anitsitse chikondicho, mpaka muthe kusiyanitsa mbali yake imene imasamalira mwana ndi mbali imene imafuna kumugwira zolimba kuti asasinthe, asadwale ndiponso asakukhumudwitseni. Palibe munthu amene ali ndi mpata wochita ntchito imeneyi tsiku ndi tsiku kuposa mayi wolera. Komabe sindikufuna kukunamizani kuti malemba a Chibuda amangoyamikira umayi basi, choncho tiyambe ndi mbali yowawayo.

Malemba akale a m'chilankhulo cha Pali anasungidwa ndi amonke, poyamba pongowaloweza pamtima, kenako n'kulembedwa ku Sri Lanka m'zaka 100 zomalizira Yesu asanabadwe. Ambiri mwa osunga malembawa anali amuna amene anasiya mabanja, ndipo n'zosadabwitsa kuti moyo wa pakhomo amaufotokoza kuti ndi wopanikiza komanso wafumbi, pamene moyo wa munthu wosiya nyumba amautamanda kuti ndi wa poyera. Mukamawerenga mawu otere muzikumbukira amene ankayankhula ndi amene ankauzidwa. Ambiri mwa malangizowo ankapita kwa mnyamata wometa kumene amene mtima wake unkabwerera kumudzi, osati kwa mayi amene ali ndi khanda kumbuyo.

Nkhani ya Siddhattha Gotama, amene pambuyo pake anadzakhala Buddha, kusiya mkazi wake Yasodhara ndi mwana wake Rahula iyeyo ali ndi zaka 29 imavutitsa anthu ambiri, ndipo ine sindiyesa kuikometsera. N'zoona kuti anasiya mwana m'nyumba yachifumu ya ku Kapilavatthu, momwe munali agogo, antchito ndi chakudya chokwanira, zomwe n'zosiyana ndi bambo wothawa udindo n'kusiya mkazi akuvutika ndi lendi. Ngakhale zili choncho, ululu unalipo, ndipo malembawo saubisa. Buddha atabwerera kwawo, Rahula n'kulowetsedwa m'gulu la amonke akadali mwana, mfumu Suddhodana, bambo ake a Buddha, inadandaula kuti chikondi cha pa mwana chimaboola khungu, mnofu, mitsempha ndi fupa mpaka kukafika m'mafuta a m'kati mwa fupalo, ndipo inapempha kuti mwana asamalowetsedwe umonke popanda chilolezo cha makolo. Buddha anavomera, ndipo lamuloli likutsatidwabe mpaka lero. M'malamulo a amonke achikazi mulinso loletsa kudzoza mayi woyembekezera kapena woyamwitsa. Apa mukuona kuti mwambo womwewo wotamanda kusiya nyumba unaika mpanda kuti khanda lisasiyidwe chifukwa chofuna chiyero.

Nkhani imene ikufanana kwambiri ndi funso lanu ndi ya Visakha, mayi wolemera wa ku Savatthi amene anamangira amonke nyumba yotchedwa Pubbarama, ndipo anakhala pabanja moyo wake wonse ali ndi ana ndi zidzukulu zambiri. Tsiku lina anafika kwa Buddha masana, tsitsi ndi zovala zili zonyowa potsatira mwambo wa maliro, chifukwa mdzukulu wake wokondedwa anali atamwalira. Buddha anamufunsa ngati angakonde kukhala ndi ana ndi zidzukulu zochuluka ngati anthu onse a mu Savatthi, ndipo iye anavomera. Atamufunsanso kuti mumzindamo mumamwalira anthu angati patsiku, Visakha anazindikira yekha kuti zikanakhala choncho zovala zake sizikanauma n'komwe. Pamenepo Buddha ananena kuti amene ali ndi okondedwa 100 ali ndi zisoni 100, ndipo amene ali ndi mmodzi ali ndi chisoni chimodzi. Mawuwa ndi olimba, ndipo pamaliro a kwathu munthu sangayerekeze kuwanena. Koma taonani kuti Buddha sanauze Visakha kuti asiye banja, ndipo anapitiriza kumutchula kuti ndi wopambana mwa amayi onse opereka. Anangomuonetsa mtengo wa chikondi, umene inu mwayamba kale kuulipira pamene mukudzuka pakati pa usiku.

Tsopano mbali inayo. Pamene Buddha anafuna kufotokoza mtima wofunira zamoyo zonse zabwino, mu chiphunzitso chodziwika kwambiri chotchedwa Metta Sutta, chitsanzo chimene anasankha ndi mayi woteteza mwana wake mmodzi yekhayo ndi moyo wake womwe, ndipo anati munthu akulitse mtima wotero kwa zamoyo zonse popanda malire. Amonke a ku Sri Lanka, Myanmar ndi Thailand amaimba mawu amenewa kawirikawiri, kuyesa kudzutsa mumtima mwawo chinthu chimene inu muli nacho kale osachita kuchifuna. Vuto la chikondi cha mayi, malinga ndi chiphunzitsochi, ndi kuchepa kwa bwalo lake, chifukwa chimathera pa ana a m'nyumba mwake. Ife timati mwana wa mnzako ngwako yemwe, ukachenjera manja udya naye. Mwambiwu wafika pafupi ndithu, kungoti uli ndi chiyembekezo cha kudzadya, pamene Buddha akupempha kuti mwana wa mnzakoyo umufunire zabwino ngakhale utadziwa kuti sudzalawa kanthu kake.

Amene anafotokoza bwino kwambiri nkhaniyi, mwa kuona kwanga, ndi mmonke Buddhaghosa, amene analemba buku la Visuddhimagga ku Sri Lanka m'zaka za m'ma 400. Pofotokoza mikhalidwe inayi ya mtima imene Abuda amaitcha yapamwamba, iye anayerekeza ndi mayi wa ana aamuna anayi. Woyamba ndi wamng'ono, ndipo mayi amangomufunira kuti akule bwino, komwe ndi kukoma mtima. Wachiwiri akudwala, ndipo mayi amafuna kuti achire, chomwe ndi chifundo. Wachitatu ndi mnyamata amene zinthu zikumuyendera, ndipo mayi amakondwera naye n'kumafuna kuti zipitirire, komwe ndi kukondwera nawo. Wachinayi ndi wamkulu wotanganidwa ndi zake, ndipo mayi sakhalanso ndi nkhawa pa iye, komwe ndi kudekha kwa mtima. Mmonke wosabereka anaona kuti njira yachidule yofotokozera zinthu zozama chotere ndi kuloza mayi, ndipo zimenezi zokha ziyenera kukulimbitsani mtima.

Chothandiza kwambiri m'bukuli ndi chenjezo lakuti mkhalidwe uliwonse uli ndi mdani wapafupi, amene amafanana nawo kwambiri moti munthu sangamuzindikire msanga. Kukoma mtima kumasanduka kulakalaka ndi kuumirira, pamene mayi ayamba kufuna kuti mwana akhale wake yekha ndiponso akhale monga iye akufunira. Chifundo chimasanduka chisoni chofooketsa, pamene mwana watentha thupi ndipo mayi wagwa mphwayi ndi kulira mpaka kuiwala nthawi ya mankhwala. Kukondwera nawo kumasanduka chisangalalo chodzikonda, monga pamene mwana wakhoza mayeso ndipo mayi akuganiza za mmene anansi amuonere iyeyo. Kudekha kumasanduka kusalabadira. Funso lanu lakuti kodi chikondi changa ndi unyolo liyankhidwa pomwepa. Mukamunyamula mwana chifukwa akulira ndi njala, palibe unyolo. Mukamukalipira wa zaka 3 uja chifukwa wakuchititsani manyazi m'sitolo, yang'anani bwino, mupeza kuti chimene chikupweteka ndi dzina lanu. Zinthu ziwirizi zimabwera zitaphatikana, nthawi zina m'mphindi imodzi yomweyo, ndipo kuzilekanitsa modekha popanda kudzitukwana ndiko kusinkhasinkha kwa mayi.

Mwafunsa ngati mudikire kuti ana akule. Amayi ena anaterodi. Mahapajapati Gotami, mng'ono wake wa Maya amene anabereka Siddhattha, anayamwitsa ndi kulera mwanayo mayi ake atamwalira patangopita masiku 7 chibadwire, ndipo atakalamba, mwamuna wake atamwalira, ndi pamene anameta tsitsi n'kuyenda wapansi mpaka ku Vesali, mapazi otupa, kukapempha kuti akazi aloledwe kulowa umonke. Buddha anali atakana katatu, ndipo anavomera wophunzira wake Ananda atamufunsa ngati akazi angathe kufika pa kuunikiridwa, n'kumukumbutsanso za bere limene anayamwa. Njira imeneyo ilipo, koma kwa inu ndi ya zaka 20 zikubwerazo, ndipo sindikuona chifukwa choti mtima ukhale osalimidwa nthawi yonseyo.

Chitsanzo choyandikira nthawi yathu ndi Dipa Ma, amene anabadwa mu 1911 kudera la Chittagong, lomwe lero lili m'dziko la Bangladesh, ndipo anamwalira ku Calcutta mu 1989. Ana awo awiri anamwalira ali makanda, amuna awo anamwalira mu 1957, ndipo anatsala ndi mwana wamkazi mmodzi, Dipa, ali odwaladwala ndi chisoni. Anaphunzira kusinkhasinkha ku Rangoon, ndipo pambuyo pake anakhala mphunzitsi wotchuka ali m'kanyumba kakang'ono ka ku Calcutta, akulera mwana ndi mdzukulu. Ena mwa amene anaphunzira kwa iwo, monga Sharon Salzberg ndi Joseph Goldstein, ndi amene anafalitsa kusinkhasinkha kwa mtundu umenewu ku America. Ophunzira awo ambiri anali amayi a pakhomo osatha kuchoka ngakhale tsiku limodzi. Dipa Ma analangiza mayi wina wamasiye wa ana ang'onoang'ono kuti nthawi iliyonse imene akuyamwitsa aziika maganizo onse pa kumva mmene mwana akukokera bere, kuyambira poyamba mpaka pomaliza, osalola maganizo kupita kwina. Mwana wa miyezi 5 amayamwa kambirimbiri usana ndi usiku, ndipo mukawerengetsa mupeza kuti nthawi imeneyo ikuposa mphindi 40 zimene mukuzilira.

Malangizo amenewa ali ndi maziko m'malemba. Chiphunzitso cha Satipatthana chimanena kuti munthu azizindikira bwino zimene akuchita poyenda, poima, pokhala, pogona, potambasula ndi popinda mkono, pakudya, pakumwa, ngakhale popita kuchimbudzi. Mndandanda umene wafika mpaka kuchimbudzi sungasiye kunja kusintha thewera. Chimene ndimalangiza amayi ndi kusankha ntchito imodzi yokha imene amaichita tsiku lililonse, kaya kuyamwitsa kwa m'bandakucha, kusambitsa mwana kapena kutakasa phala, n'kuichita foni ili kutali. Imvani kulemera kwa mwana pamkono, kutentha kwa madzi, mpweya wanu ukulowa ndi kutuluka. Maganizo akathawira ku ngongole kapena ku mawu amene apongozi ananena, zindikirani kuti athawa, kenako muwabweze. Musayambe ndi ntchito zisanu, chifukwa mudzalephera sabata yoyamba n'kuonjezera mlandu wina pa milandu imene mukudziimba kale.

Ndinene mosabisa kuti zimenezi sizilowa m'malo mwa kukhala pansi mwakachetechete. Pali kuzama kwa maganizo kumene kumabwera pokhapokha thupi litakhazikika kwa nthawi ndithu, ndipo aphunzitsi amene amati kutsuka mbale n'chimodzimodzi ndi kukhala pansi ola lathunthu amanena mokometsa. Choncho sungani kanthawi kochepa, mphindi 5 kapena 10, ana akagona kapena bambo awo akawanyamula. Koma ngati muyenera kusankha pakati pa kukhala pansi ndi kugona, pa miyezi ino sankhani kugona. Munthu wosowa tulo akatseka maso amangosinza, ndipo akadzuka amapsa mtima kuposa poyamba.

Za kupsa mtimako, chiphunzitso cha mivi iwiri chimathandiza amayi ambiri. Buddha anati munthu wosaphunzira akalasidwa ndi muvi wa ululu amadzilasanso yekha ndi wachiwiri, womwe ndi kudandaula ndi kulimbana ndi ululuwo m'maganizo. Mwana akalira usiku wonse, kutopa ndi muvi woyamba, ndipo palibe chipembedzo chingauchotse. Wachiwiri ndi mawu akuti ndine mayi woipa, anzanga akutha bwanji, Mbuda weniweni sakanakwiya chonchi. Mkwiyo ukamabwera umayamba kuoneka m'thupi, nsagwada zimauma, chifuwa chimatentha, manja amalimba. Mukaona zimenezi muikeni mwana chagada pamalo otetezeka, mutuluke m'chipindamo kwa mphindi zingapo, mupume. Khanda silifa ndi kulira kwa mphindi zisanu, koma kuligwedeza mwaukali kungawononge ubongo wake kapena kulipha kumene. Ndipo mukamukalipira wamkuluyo mopyola, mupepeseni. Buddha pophunzitsa Rahula ali wamng'ono anamuuza kuti aziyang'ana zochita zake asanachite, ali mkati mochita ndiponso atachita, ndipo akapeza kuti zavulaza wina aziulula n'kudziletsa mtsogolo. Mwana woona mayi ake akuchita zimenezi amaphunzira msanga kuposa wongouzidwa.

Mantha a usiku aja ali ndi choonadi mkati mwake, chakuti mwana amene mumamukonda si wachikhalire ndipo simungamutchinjirize ku zonse. Kisa Gotami, amene anayenda ndi mtembo wa mwana wake khomo ndi khomo, atatumidwa ndi Buddha kukafunafuna kambewu ka mpiru kuchokera m'nyumba imene simunafepo munthu, sanapeze nyumba yotero, ndipo anaphunzira kuti chisoni chake chinali cha mudzi wonse. Sindikulangizani kuti muzisinkhasinkha za imfa ya mwana wanu, ndipo aliyense wokuuzani zimenezo pa nthawi ino musamumvere. Chitani zimene zili m'manja mwanu, monga kumugoneka chagada, kuchotsa mapilo ndi zofunda zolemera pafupi ndi nkhope yake, kupita naye kusikelo ndi kukabayitsa katemera pa nthawi yake. Zikatha zimenezo, mantha otsalawo muwazindikire kuti ndi mantha, ndipo mukumbukire amayi ena onse amene ali maso ola lomwelo. Anthu a ku Tibet, potsatira njira yogwirizana ndi mphunzitsi Atisha wa m'zaka za m'ma 1000, amayambira pa kukumbukira chifundo cha mayi wowabereka n'kuchifutukulira kwa zamoyo zonse. Inu mungayambire pa mwana ali pachifuwa panu, n'kupita kwa ana a mnansi amene simugwirizana naye.

Pali ngozi zingapo zimene ndaziona. Yaikulu ndi kugwiritsa ntchito chiphunzitso cha kupirira pofuna kuphimba kusalungama kwa m'nyumba. Mayi amanyamula zonse yekha, bambo ali pa foni, ndipo mayiyo amadziuza kuti imeneyi ndi njira yake ya uzimu. Chiphunzitso cha Sigalovada, chimene chinaperekedwa kwa munthu wa pabanja, chimaika udindo wolera pa makolo onse awiri, kuletsa mwana zoipa, kumulimbikitsa zabwino ndi kumuphunzitsa luso, ndipo chimauza mwamuna kuti azilemekeza mkazi wake, asamunyoze, akhale wokhulupirika ndiponso amupatse ulamuliro pakhomo. Kupempha amuna anu kuti azidzuka nawo usiku kapena kutenga wamkuluyo Loweruka m'mawa sikusemphana ndi Chibuda. Inu muli kutali ndi agogo ndi azakhali amene kwathu akanakulandirani mwana, choncho thandizo muyenera kuchita kulipempha ndi pakamwa.

Ngozi ina ndi kumva molakwika za karma, chiphunzitso chakuti ntchito za munthu zimabala zotsatira zake, n'kumaganiza kuti mwana wodwala, wolumala kapena pathupi popita padera ndi chilango cha zimene mayi anachita kale. Buddha mwini ananena kuti zowawa zina zimachokera ku matenda a m'thupi, kusintha kwa nyengo, kusasamala kapena kuvulazidwa, ndipo anatsutsa amene amati chilichonse chimachokera ku ntchito zakale. Chenjeraninso ndi maphunziro a masiku 10 okhala chete, amene anzanu angakulimbikitseni kupitako. Ndi abwino pa nthawi yake, koma amafuna kudzuka m'bandakucha ndi kukhala pansi maola ambiri patsiku, ndipo kwa mayi woyamwitsa, wosowa tulo, wa nkhawa, angathe kuvundula maganizo m'malo mowakhazika. Dikirani mwana aleke kuyamwa, ndipo pofunsira malo mudzanene zoona zokhazokha za umoyo wanu.

Chomaliza ndi chimene sindikufuna kuti muchilumphe. Kupsa mtima msanga ndi kudzukadzuka kukaona mwana kungakhale kutopa chabe, komanso kungakhale chizindikiro cha matenda a nkhawa kapena kukhumudwa kumene kumagwira amayi akabereka. Bungwe la WHO limati padziko lonse amayi pafupifupi 13 pa 100 alionse amene angobereka kumene amakhala ndi vuto la m'maganizo, makamaka kukhumudwa, ndipo m'mayiko osauka chiwerengerocho chimayandikira 20. Kulira ndi kusinthasintha kwa mtima kwa masiku oyamba m'chikuta kumatha pakokha pasanathe masabata awiri, koma inu muli pa miyezi 5. Ngati kwa masabata awiri kapena kuposerapo mwakhala osasangalala ndi chilichonse, osagona ngakhale mwana ali m'tulo, osafuna kudya, odziona ngati wopanda pake, kapena ngati mwanayo mukumuona ngati mlendo, musazitche kudekha kwa mtima ndipo musayese kuzithetsa ndi kusinkhasinkha kokha. Auzeni anamwino tsiku la sikelo kapena dokotala wanu, kapena imbirani bungwe la SADAG, limene limathandiza anthu a mavuto otere kumeneko ku South Africa. Uphungu umathandiza, ndipo alipo mankhwala amene dokotala angapereke kwa mayi woyamwitsa.

Ngati mutayamba kuganiza zodzivulaza kapena kuvulaza mwana, kumva mawu amene ena sakuwamva, kukhala masiku osagona koma osatopa, kapena kukhulupirira kuti mwalandira uthenga wapadera wauzimu wokhudza mwanayo, limenelo ndi vuto la changu. Pitani kuchipatala tsiku lomwelo, ndipo wina akhale nanu pamodzi ndi anawo mpaka mutaonedwa. Awerengereni amuna anu ndime imeneyi lero, chifukwa matenda amenewa akafika, kawirikawiri amene amayamba kuona ndi wa pambali. Mukadzapitanso kukachisi, funsani ngati pali mmonke wamkazi kapena mphunzitsi amene analerapo ana, ndipo mumufotokozere tsiku lanu mmene limayendera, kuyambira ola limene mumadzuka, kuti malangizo amene akupatseni akhale oti mungawakwanitse ndi ana awiri m'nyumba.